Viza yokaonera mdzukulu: maulendo anga awiri pa windo la kazembe

Mwana wanga wachisamba anandiimbira foni mu Meyi 2024, usiku, ine nditatsekera kale nkhuku. Anati, "Amayi, ndine woyembekezera, adokotala akuti Novembala. Mubwere." Mawu akuti mubwerewo anawatchula ngati akundiitanira ku Area 49, chonsecho ali ku Ulaya, kumene amagwira ntchito ya unamwino ndipo anakwatiwa konko. Ndinavomera osaganiza kawiri. Mwana amene akubereka koyamba sasiyidwa yekha m'chikuta. Pamene ndinkamubereka iyeyu ku Bottom mu 1991, chipatala chimene lero tikuti Bwaila, amayi anga anachoka ku Mitundu atasenza ufa ndi nyemba, nakhala nane mwezi wathunthu, akundiphikira phala ndi kundisambitsira khanda. Ngongole imeneyo ndinkadziwa kuti ndidzaibweza pa mwana wanga.

Ndine mphunzitsi wa ku pulayimale wopuma ntchito, wamasiye, ndimakhala ku Area 25 ndipo ndimaweta nkhuku zoikira. Ndalemba izi chifukwa kutchalitchi amayi anzanga atatu andifunsa kale za viza, aliyense payekha, monong'ona ngati ndi nkhani yamanyazi. Dzina la ofesiyo ndilisunga. Dziko la apongozi anga lilibe kazembe wake kuno, choncho mapepala athu amalandiridwa kudzera ku ofesi ya dziko lina la m'gulu lomwelo la Schengen, mu Lilongwe momwe muno. Zimenezi zimachitika kwambiri, ndipo ndi chinthu choyamba chofunika kufufuza, kuti musakagone pa geti yolakwika.

Schengen ndi dzina la kamudzi ka ku Luxembourg kumene mayiko asanu anasainirana pangano mu 1985 loti azidutsana malire popanda kuonetsa pasipoti. Lero mayikowo alipo 29. Viza yake ya alendo imakulolani kukhala masiku osapitirira 90 m'kati mwa masiku 180 alionse. Britain ndi Ireland mulibe m'gululi, ali ndi zawozawo. Ife tinazolowera kuti ku Zambia, ku Mozambique, ku Tanzania, ngakhale ku Joni kumene amakudindira masiku 30 pa Beitbridge, timangonyamula pasipoti n'kukwera basi. Ku Ulaya umayamba wapempha, ndipo pempho limatha kukanidwa.

Tsiku lokaonekera limasungitsidwa pa intaneti basi. Palibe zoti udzuke m'mamawa ukaime pamzere ngati kuchipatala. Ine ndikanakhala ndekha ndikanathera pomwepo. Anandithandiza ndi mzime wanga, mnyamata wa ku koleji, amene anatha mabandulo angapo akutsegula tsamba lawo m'mawa ndi usiku, n'kumapeza masiku onse atadzaza. Lamulo lawo limalola kupempha kutatsala miyezi isanu ndi umodzi ulendo usanafike, ndipo musachedwe kupitirira masiku 15 otsiriza. Ife tinayamba mu Ogasiti, poganiza kuti Novembala ali kutali. Tinapeza malo kumapeto kwa Seputembala. Mukamva lero kuti mwana wanu ali ndi pakati, yambani mawa.

Mndandanda wa zofunika unali pa tsamba lomwelo, m'Chingerezi, ndipo pamenepa ndiwayamikire: unali womveka, sanabise kanthu. Pasipoti ikhale yoti inatuluka m'zaka khumi zapitazi, ikhale ndi masamba awiri opanda chidindo, ndipo ikhalebe ndi moyo miyezi itatu kuchokera tsiku limene mudzatuluke ku Ulaya. Chithunzi chikhale chatsopano, cha mamilimita 35 m'mbali ndi 45 m'litali, kumbuyo koyera. Wojambula wa ku Old Town ankadziwa kale muyesowu, anangondiuza kuti ndivule magalasi ndi kukankhira duku kumbuyo kuti chipumi chioneke. Kenako kalata yokuitanani yochokera kwa amene mukukafikira, umboni woti ndinudi pachibale, pepala losonyeza kuti mwasungitsa malo m'ndege popita ndi pobwera, sitetimenti ya ku banki ya miyezi itatu, ndi inshuwalansi ya paulendo yoti itha kulipira mpaka mayuro 30,000 mutadwala kapena kumwalira muli konko. Nambala imeneyo inandiopsa poyamba, ndinkayesa ndiyo ndalama yoti ndipereke. Ayi, inu mumalipira pang'ono ku kampani ya inshuwalansi, m'makwacha, malinga ndi masiku a ulendo wanu. Tikiti yeniyeni musagule viza isanatuluke.

Pamzere womaliza panalembedwa kuti mubweretse umboni wa zimene zikukumangirirani kwanu. Pamenepo ndi pamene ndinasochera, ndipo wondisocheretsa ndinamuitana ndekha.

Mayi wina anandipatsa nambala ya mnyamata amene amati amadziwa za maviza. Tinakumana pa malo ena odyera ku City Centre. Anali wovala bwino, jekete, laputopu, kuyankhula kofatsa, "Mami" pakamwa ponse. Sankaoneka ngati madobadoba amene timawadziwa a pa mageti a maofesi, koma ntchito yake inali yomweyo. Anayang'ana sitetimenti yanga, imene munkangolowa penshoni mwezi ndi mwezi n'kutuluka, napukusa mutu. Anati azungu safuna kuona akaunti yowonda, ndipeze ndalama ndiikemo, ikagona sabata imodzi tidzasindikize sitetimenti, kenako ndidzaibweze. Anatinso ndipemphe masiku onse 90, popeza mtengo ndi umodzimodzi. Ndinamulipira K60,000. Ndinakongola K2,000,000 ku banki m'khonde yathu ndi kwa mlamu wanga, n'kuiponya mu akaunti tsiku limodzi. Mumtima ndinkamva kuti china chake sichili bwino, poti kwa zaka 34 ndinkauza ana kuti asakopere mayeso, koma mantha oti andikana anaposa nzeru zanga.

Tsikulo ndinanyamuka kunyumba isanakwane 6 koloko, minibasi mpaka pa Area 18, kenako kabaza wa njinga yamoto, fayilo nditaikumbatira pachifuwa chifukwa cha fumbi la misewu imene inkakonzedwa nthawi imeneyo. Nthawi yanga inali 9:20. Ndinafika isanakwane 8, ndipo mlonda anandiuza mwaulemu kuti, "Mayi, kulowa ndi mphindi khumi ndi zisanu nthawi yanu isanakwane, panopa mudikire kaye apo." Apo pamene ankalozapo panalibe benchi, panalibe denga. Tinaima m'mphepete mwa mpanda anthu ngati khumi ndi awiri, kutsatira kamthunzi ka mtengo kamene kankasuntha ndi dzuwa la Seputembala. Panali agogo ena aamuna oyendera ndodo amene anakhala pa mwala. Ichi ndi cholakwa, ndipo n'chosavuta kukonza. Anthu amene akukulipirani ndalama zochuluka chonchi, ambiri achikulire, ena ochokera ku Mzuzu ndi ku Blantyre atagona m'basi, sayenera kuima padzuwa. Mabenchi awiri ndi malata anayi akanatha nkhaniyi.

Alondawo ndilibe nawo mawu oipa. Mmodzi anapita kukawatengera agogo aja mpando wake womwe. Foni, chikwama ndi botolo lamadzi zimatsala pa geti, amakupatsani kanambala. Wokuperekezani salowa. Mzime wanga, amene anandiperekeza, anatsala panja, ndipo ndinadziona ndekhandekha ngati mwana wa Sitandade 1 tsiku loyamba.

M'kati munali mozizira ndi mwaukhondo, mipando yokwanira, madzi akumwa pakona, chimbudzi chabwino. Mawindo anali atatu, agalasi lochindikala, oyankhulirana pa kachipangizo. Awiri anali athu opempha viza. Lachitatu linali la nzika za dziko lawolo zimene zili kuno, ndipo ndili pompo kunabwera bambo wina wachizungu ndi mkazi wake wachimalawi atanyamula khanda, kudzalembetsa mwanayo ndi kumupangira pasipoti. Sanadikire ngati ife. Mnyamata amene ndinakhala naye pafupi, wopita kusukulu, anang'ung'udza kuti ndi tsankho. Ine sindinaone choncho. Ofesi ya kazembe ntchito yake yoyamba ndi anthu akwawo. Mwana wa mlongo wanga ataberedwa chikwama ku Johannesburg, pasipoti ili momwemo, anapita ndi lipoti la apolisi ku ofesi ya dziko lathu mumzindamo, ndipo anamupatsa chikalata chongobwerera nacho kumudzi, n'kukwera basi mpaka pa Mwanza. Maliro a abale athu akamachoka ku Joni, kalata ya ofesi yomweyo imakhala pakati pa mapepala amene amadutsitsa bokosi m'malire. Ndipo pangano limene mayiko anasainirana ku Vienna mu 1963 limanena kuti munthu akamangidwa kudziko la eni, ali ndi ufulu woti kazembe wakwawo adziwitsidwe. Ndinamuuza mnyamatayo kuti akafika kumene akupitako, afufuze kazembe wa Malawi amene amayang'anira dzikolo, alembe nambala yake papepala, osati mufoni mokha.

Pa windo langa panali mtsikana wachimalawi, wa msinkhu wa mwana wanga. Anayamba m'Chingerezi, koma ataona mmene manja anga ankanjenjemera posanja mapepala, anatembenuka. "Mayi, musaope, tingoona ngati zonse zilipo. Mwadzuka bwanji?" Mawu amenewo anandikhazika mtima pansi kuposa mpweya wozizira uja. Anaona pepala lililonse, nalemba chizindikiro pa mndandanda wake. Atafika pa satifiketi ya kubadwa ya mwana wanga anaima. Dzina langa m'pasipoti linalembedwa ndi r, pa satifiketipo linalembedwa ndi l. Kwa ife ndi dzina limodzi, pakamwa pathu l ndi r ndi mapasa. Kwa munthu amene akawerenge fayiloyo ali kutali, amenewo ndi amayi awiri osiyana. Mtsikanayo anandiuza kuti atha kulandira mapepalawo mmene alili, koma zingakhale bwino pakanakhala kalata yolumbira yofotokoza kuti munthuyo ndi mmodzi. Anawonjezera kuti iye sagamula, amangolandira. Ndinaganiza za masabata amene tinavutikira tsikuli, ndipo ndinati alandire. Pa sitetimenti anayang'ana nthawi yotalikirapo, sananene kanthu. Lero ndimadziwa chimene anaona.

Anandijambula, ndinadinda zala zonse khumi pa kagalasi kowala, n'kulipira. Mtengo wa viza imeneyi unali mayuro 80, koma kuyambira pa 11 Juni 2024 unakwera kufika 90 kwa munthu wamkulu, 45 kwa mwana wa zaka 6 mpaka 11. Kwa iwo n'kukwera pang'ono. Kwa ife, kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, mayuro 90 anali ndalama yopitirira K170,000, osawerengera inshuwalansi, zithunzi, mafotokope ndi thiransipoti. Nkhuku zanga zinaikira masabata angapo kuti ndalama imeneyo ikwane. Ndalamayi sibwezedwa mukakanidwa. Analemba poyera pa fomu, ndipo ndinasaina ndikudziwa.

Amati yankho limatuluka m'masiku 15, koma litha kufika masiku 45 ngati akufuna kufufuza zambiri. Langa linatenga masiku 19. Uthenga unabwera pa foni kuti ndikatenge pasipoti. Sanena ngati mwapambana kapena ayi. Ndinalandira envelopu pa windo, ndinatuluka, ndinakaitsegulira panja pansi pa kamtengo komwe kaja. Ndinatsegula masamba onse a pasipoti kawiri. Munalibe kanthu. Munali pepala lopindidwa, fomu yosindikizidwa kale yokhala ndi zifukwa zambiri m'mizere, chilichonse ndi kabokosi kake. Pa ine anachonga tiwiri: kuti zimene ndapereka zokhudza cholinga cha ulendo ndi kakhalidwe kanga konko sizikudalirika, ndi kuti akukayika ngati ndidzatuluke m'dziko lawo viza isanathe.

Kachiwiriko kanandipweteka kwambiri. Ine, wa zaka 59, ndili ndi manda a mwamuna wanga ku Mitundu, nyumba imene tinamanga njerwa ndi njerwa, mwana amene akadali pasukulu, ndikathawire ku dziko lozizira limene chiyankhulo chake sindidziwa? Ndinakwera minibasi ndikulira, kondakitala mpaka anandifunsa ngati kwagwa zovuta.

Mdzukulu wanga anabadwa pa 14 Novembala, mtsikana. Ndinamuona pa WhatsApp. Mwana wanga anachitidwa opaleshoni, mwamuna wake anali ndi masiku ochepa a tchuthi, ndipo sabata yachitatu anandiimbira 2 koloko usiku, khanda likulira, iyenso akulira, akundifunsa mmene angamugwirire pomusambitsa bala likumupweteka. Ndinkamulangiza pa foni, nditakhala pa bedi mumdima magetsi atazima. Mchombo unagwa ine kulibe. Amene anachonga tibokosi tija sanaone zimenezi, ndipo sindikuti anali munthu woipa. Anaona mapepala amene ndinamupatsa.

Dandaulo langa lalikulu pa ofesi imeneyi lili apa. Ukakanidwa, palibe munthu woyankhula naye. Nambala ya foni imene ili pa risiti ndinaiimba masiku anayi, nthawi zimene iwo eni analemba. Kawiri inangoitana, kawiri inandiyankha makina. Imelo imene mwana wanga analemba inabwezedwa ndi yankho lokonzeratu, lotilozera ku tsamba lomwe lija. Nditapita pa geti, mlonda anandimvera chisoni koma anati popanda tsiku losungitsa sangandilowetse. Pepalalo linanena kuti ndili ndi ufulu wochita apilo, linatchula kumene ndingalembere ndi masiku ake, koma apilo imakaweruzidwa ku dziko lawo, motsata malamulo awo, ndipo miyezi imatha. Munthu walipira ndalama yoposa malipiro a mwezi a anthu ambiri mumzinda muno. Kodi n'chapatali kumulembera mizere iwiri yoti, ndalama imene yalowa pa tsiku lakuti sitikuimvetsa, dzina pa pepala lakuti likusiyana? Ine polemba ndemanga m'makope a ana sindinkangochonga kuti walakwa. Ndinkalemba pamene walakwira, kuti mawa akonze. Kukhala chete kwa ofesi n'kumene kumadyetsa madobadoba. Munthu akasowa womufunsa m'kati, amakafunsa wa panja. Mnyamata wa laputopu uja nditamuimbira anati mwina ndalama inachepa, ulendo wina tidzaikemo mamiliyoni asanu. Ndinadula foni.

Anandimasulira nkhaniyi ndi mkamwini wanga. Anati, "Amayi, tayerekezani kuti ndinu amene mukuwerenga. Mayi uyu amalandira penshoni yochepa, mwadzidzidzi mwalowa mamiliyoni awiri osadziwika kochokera. Dzina lake silikugwirizana ndi la mayi wa mwanayo. Akupempha miyezi itatu yathunthu, ndipo palibe pepala losonyeza kuti kwawo kuli chomudikira." Ndinakhala chete, chifukwa ankanena zoona. Makolo athu anati mlendo ndi mame. Ofesi ya viza imafuna umboni wa mwambi umenewu basi, kuti dzuwa likatuluka mudzakhala mutapita. Vuto n'lakuti fomu yawo inapangidwira munthu wa kalata ya abwana, pepala la malipiro ndi chikalata cha umwini wa nyumba. Moyo wa ambiri a ife suyenda m'mapepala otero. Ndalama ya mazira imalowa pa Airtel Money ndi pa Mpamba. Zosunga zili m'kope la banki m'khonde. Munda ndi wa makolo, umboni wake ndi amfumu ndi mitengo ya m'malire. Zonsezi ndi zenizeni kuposa mamiliyoni obwereka aja, koma ine ndinazisiya kunyumba poganiza kuti mzungu sangaziwerengere.

Ulendo wachiwiri ndinakonza ndekha ndi ana anga, mu Disembala. Ndinapita kwa loya kukalumbira kuti wa r ndi wa l ndine ndemwe, n'kuphatikizapo fotokope ya chiphaso cha unzika chimene tinalembetsa mu 2017. Ndinasindikiza sitetimenti ya banki ya miyezi isanu ndi umodzi, mamiliyoni awiri aja akuoneka polowa ndi potuluka, ndipo m'kalata yanga ndinalemba mosabisa kuti ndalama imeneyo ndinakongola potsatira malangizo oipa ndipo ndinabweza. Mwana wanga ankaopa chiganizo chimenecho. Ine ndinaumirira, poti mbiri ya pempho loyamba amakhala nayo kale m'makompyuta awo. Ndinaikamo kalata ya penshoni, sitetimenti ya ndalama za pa foni yosonyeza ogula mazira sabata ndi sabata, malisiti a chakudya cha nkhuku, mapepala a puloti a ku khonsolo ya mzinda, kalata ya a gulupu akwathu yokhala ndi chidindo yonena za munda, kalata ya ku koleji yosonyeza kuti fizi ya mzime wanga ndimalipira ndine, ndi kalata ya abusa yonena za udindo wanga mu chigwirizano cha amayi. Mkamwini anatumiza chikalata cha ku boma lakwawo cholonjeza kuti chakudya, pogona ndi tikiti ndi zake, pamodzi ndi mapepala a malipiro ake ndi satifiketi ya kubadwa ya khandalo. Masiku ndinapempha 40, kuyambira pa 1 Malichi, ndipo ndinalemba chifukwa chake: chimanga changa chimauma mu Epulo, ndiyenera kudzakolola.

Kalatayo inali tsamba limodzi, Chingerezi cha mphunzitsi wa pulayimale, chopanda mawu akuluakulu.

Tsiku tinalipeza la mu Januwale 2025. Mvula inagwa m'mawa umenewo, ndipo pa mpanda paja panalibebe denga; tinabisala anthu asanu pansi pa maambulera awiri, mafayilo tili titawakulunga m'majumbo. Pa windo ndinapeza mtsikana yemwe uja. Anandizindikira. "Mayi, mwabweranso. Mdzukulu anabadwa?" Ndinamuonetsa chithunzi chimene ndinaika mufayilo, anamwetulira, n'kuyamba ntchito yake. Atafika pa kalata yolumbira anagwedeza mutu pang'ono. Zala sanandidindenso, poti zidindo zimasungidwa miyezi 59. Mayuro 90 ena ndinalipira. Patatha masiku 12 uthenga unabwera. Ulendo uno envelopu ndinaipatsa mzime wanga kuti atsegule iye. Anangoti, "Amayi, ilimo." Kapepala komatidwa pa tsamba lathunthu, chithunzi changa, kulowa kamodzi, masiku 45.

Mukandifunsa mamakisi ngati mphunzitsi, anthu ogwira ntchito pamalopo, kuyambira mlonda mpaka mtsikana wa pa windo, ndiwapatsa 9 pa 10. Palibe anandinyoza, palibe anandipempha ya fanta, ndipo nthawi imene analemba ndi imene anandiitana. Muno mu Lilongwe maofesi otere ndi owerengeka. Koma dongosolo limene akugwiriramo ntchito silifika theka. Limaganiza kuti aliyense ali ndi intaneti ndi mwana wodziwa kuigwiritsa ntchito. Lilibe pepala ngakhale limodzi la m'Chichewa kapena m'Chitumbuka lofotokoza kuti umboni wa munda kapena wa geni ndi wololedwa. Foni yake siyankhidwa. Ndipo likakukana, limakusiya ndi kabokosi kochongedwa. Ine linandidyera mayuro 180 ndi miyezi itatu ndi theka yoyamba ya mdzukulu wanga, ngakhale gawo lina la mlanduwo ndi langa ndi la mnyamata wa laputopu.

Ndikamayerekeza ndi zimene anzanga opita ku America akukumana nazo, ndimaona kuti katundu wanga anali wopepukirapo. Kumeneko mu 2025 unkalemba fomu ya DS-160, kulipira madola 185, kenako kukayankha mafunso pamaso pa mkulu wa viza, amene ankagamula pomwepo. Ndiye kuyambira pa 20 Ogasiti 2025, boma la America linaika Malawi ndi Zambia poyambirira pa ndondomeko yoti wopempha viza ya alendo kapena ya bizinesi azipereka chikole cha madola 5,000, 10,000 kapena 15,000, chodzabwezedwa akabwerera pa nthawi yake. Mayi wina wa m'kwaya yathu, mwana wake ali kumeneko ndipo akukwatira, anangoti akaonera pa foni. Malamulo amenewa amasintha pafupipafupi, choncho musadalire zimene anachita mnzanu chaka chatha, ngakhale zangazi. Werengani tsamba la ofesi yeniyeniyo sabata imene mukupempha.

Ndinanyamuka pa bwalo la Kamuzu pa 1 Malichi, kudzera ku Addis Ababa. Chinthu chimodzi chimene palibe anandiuza ku ofesi kuja, koma mkamwini anandichenjeza, n'chakuti viza si chitseko chotseguka. Wapolisi wa pa malire ali ndi mphamvu yofunsanso. Choncho mafotokope a kalata yondiitana, inshuwalansi ndi tikiti yobwerera ndinawaika m'chikwama cha m'manja, osati mu sutikesi. Anafunsadi. Anati mukupita kwa ndani, mukhala masiku angati, tikiti yobwerera ili kuti. Ndinamupatsa, anawerenga, anadinda.

Mwana wanga anandidikira potulukira atavala chijasi, khanda ali nalo pachifuwa m'kachikwama ka malamba. Tisanafike n'komwe pa galimoto ndinatulutsa chitenje chimene ndinagula mu msika wa Lilongwe mu Ogasiti, chimene chinakhala mu sutikesi miyezi isanu ndi iwiri, ndinawerama, ndipo anandiika mdzukulu wanga kumsana. Anali wolemera kale, khosi litalimba. Analira pang'ono, kenako anagona. Mchombo mwana wanga anausunga m'kabotolo, atakulunga m'thonje, ndipo ndinabwera nawo pa 9 Epulo. Tinakaukwirira ku Mitundu sabata yomwe tinayamba kusanja chimanga m'mikukwe.

Fayilo yachiwiri ija ili pamwamba pa wadiropu. Panopa yabwerekedwa kawiri, amayi amabwera kudzaona mmene ndinasanjira mapepala, ndipo ndimakhala nawo pa khonde kuwathandiza kulemba kalata yawoyawo. Ndikufuna kupitanso mwanayo akamayamba kuyankhula, koma pasipoti yanga ikutha mu 2027, ndiye ndiyamba ndi imeneyo, ndipo ulendo uno ndikaonetsetsa chilembo chilichonse cha dzina langa ndisanachoke pa kauntala.